Foni yomwe sinalire 04:00

Mayi wina wa ku Nabvutika, wogulitsa salaula pamsika wa Kapata, anagula tikiti ya basi yambandakucha yopita ku Lusaka kukaoda mabelo. Anatchera alamu ya 04:00 pafoni. Madzulo foniyo inayamba kulemba kuti malo adzaza, ndiye anaitana mwana wa mkulu wake.

“Iwe, tandionera foni iyi, ikuvuta.”

“Musade nkhawa amayi, ndiyeretsa pompano.”

Mnyamatayo anafufuta mavidiyo akale a pa WhatsApp, ndipo mpaka apo zinali bwino. Kenako analowa mu Settings, natsegula mndandanda wa mapulogalamu, nayamba kudina Force stop pa iliyonse imene ankaganiza kuti ikudya batire, ya wotchi yomwe. Malaiti anali atapita kuyambira masana, choncho anafuna kuti moto ufike m’mawa. Mayi aja anadzidzimuka kunja kutayera, basi itapitirira kale Katete. Ndalama ya tikiti inapsa, ndipo sabata imeneyo anagulitsa zotsalira za belo lakale.

Chinachitika n’chiyani? Pulogalamu ya wotchi siikhala maso usiku wonse. Imasungitsa nthawi ku gawo la Android lotchedwa AlarmManager, monga mmene munthu amauzira mlonda kuti amugogodere tambala woyamba akalira. Zidziwitso zoonekera pasikirini nazo zimadutsa ku gawo lina, NotificationManager. Magawo amenewa ali m’mafayilo obisika amene mapulogalamu onse amabwerekako ntchito. Mukadina Force stop, Android imafufuta nthawi zonse zimene pulogalamuyo inasungitsa, mpaka mutaitsegulanso. Choopsa chake n’chakuti foni siikuuzani kanthu. Imaoneka yabwinobwino, koma ili chete.

Kusowa basi n’kowawa, koma ine amene amandidetsa nkhawa kwambiri ndi odwala. Anthu ambiri amadalira foni kuwakumbutsa ma ARV, mankhwala a BP kapena tsiku la sikelo ya mwana. Kuyambira pa Android 6 ya 2015, foni ikagona patebulo osakhudzidwa imachedwetsa ntchito zina kuti isunge batire. Android 12 ya 2021 inabweretsa chilolezo chapadera cha ma alamu a nthawi yeniyeni, ndipo pa Android 13 ya 2022 pulogalamu iyenera kupempha kaye isanatumize chidziwitso. Agogo akadina kukana chifukwa uthengawo uli m’Chingerezi, chikumbutso cha mankhwala chimathera pomwepo. M’chaka cha 2024, chilala chitatsitsa madzi ku Kariba ndipo ZESCO ikuzimitsa malaiti maola ochuluka, ambirife tinazolowera kutseka chilichonse kuti batire isathe. Chizolowezicho sichinachoke.

Chenjeraninso ndi kuflasha foni. Mafayilo obisika aja amakhala otsekeredwa, simungawafufute mwangozi, koma wokonza akaika pulogalamu yotengedwa paintaneti yosagwirizana ndi mtundu wa foni yanu, akhoza kusokonekera. Musachoke pashopu musanayese alamu pamaso pake. Ngakhale foni yosakhudzidwa imalephera: pa 1 ndi 2 Januwale 2011, ma alamu ongolira kamodzi a pa iPhone sanalire chifukwa cha cholakwika m’pulogalamu, ndipo anthu m’mayiko ambiri anachedwa kuntchito. Dziwaninso kuti mafoni ambiri a Android salira akazimitsidwa, pamene timafoni tambiri ta mabatani timadzuka tokha.

Inu amene mukuwerenga, lero lino tcherani alamu ya mphindi zisanu, tsekani sikirini, ikani foni pansi, mudikire. Muchite chimodzimodzi ndi foni ya makolo anu, makamaka ngati mdzukulu wangoiyeretsa kumene. Ikapanda kulira, tsegulani pulogalamuyo, muibwezere chilolezo cha zidziwitso, muichotsenso pamndandanda wa zotsekedwa posunga batire. Ndipo ngati mawa muli ndi ulendo wambandakucha, pemphaninso a neba akugogodereni pazenera.