Makina akusiya mizere pa kapinga

Zikomo bambo a ku Zomba chifukwa cha kalata yanu. Mukuti makina anu otchetchera kapinga akusiya mizere, apa pafupika apo patalika, ngati mutu wometedwa ndi lezala lobuntha.

Musanathamangire kwa amakaniko, aimikeni pasimenti posalala, muyang'ane mawilo onse anayi. Pa makina ambiri wilo lililonse lili ndi kachitsulo kake kokwezera ndi kutsitsira, ndipo kamodzi kakangosuntha, makina amapendekeka. Kawirikawiri nkhani imathera pomwepa.

Mawilo akakhala bwino, ndiye kuti ndi mpeni. Koma chonde, yambani mwazula waya wa pulagi, chifukwa mukazunguza mpeni ndi dzanja injini itha kulira, zala n'kupita. Powagoneka makinawo, mbali ya fyuluta ya mpweya ikhale m'mwamba kuti oilo asalowemo. Onani nsonga za udzu umene mwatchetcha: zikakhala zong'ambikang'ambika, kenako n'kuwauka, mpeni wabuntha. Umasuleni pa makinawo, muunole ndi tupa nsonga zonse ziwiri mofanana, mukatero muukoloweke pa msomali pabowo lapakati. Mbali imene ikutsika ndiye yolemera, ipaleninso pang'ono. Ngati unagunda mwala n'kupindika, osauwongola ndi hamala ayi, gulani wina.

Palaninso zinyalala zomata kunsi kwa makina. Ndipo m'mawa dikirani mame aume, poti udzu wonyowa umagona, mpeni n'kumangodutsa pamwamba. Kapinga akatalika kwambiri, musadule kupitirira gawo limodzi mwa magawo atatu ulendo umodzi. Kwezani mawilo, mudzabwerezenso patapita masiku. Mutilemberenso bambo, timve mmene zayendera.