CHALA CHIKAPINDIKIRA KUMBUYO

Alimi anzanga, nyengo yothyola, kusoka ndi kusankha fodya ndi imene zala zimagwira ntchito koposa. Nchifukwa chake mwezi uno ndaika pambali nkhani za feteleza ndi mbozi, kuti tikambirane za ngozi ina imene ndimaiona kawirikawiri m'zigafa koma anthu saiwerengera. Ngoziyi ndi ya chala chopindikira kumbuyo mopitirira muyeso.

Chaka chatha ndikuyendera alimi ndinapeza bambo wina akumanga ndindi movutikira. Chala chawo chapakati chinali chokhota, chosawongoka ndiponso chosafika pachikhatho. Anandiuza kuti anaterereka akupachika mikangala, nagwa chotsamira dzanja. Anzawo anachikoka, mayi a kunyumba anachithowa, kenaka iwo anachimangirira ku kamtengo miyezi iwiri yathunthu. Ululu unatha, koma chala chinauma. Ntchito imene ankaimaliza dzuwa lili paliwombo tsopano imawafikitsa madzulo. Chimene chinaumitsa chalacho si kugwa kuja ayi, koma kamtengo kaja.

Chimene chimawonongeka

Chala chilichonse chili ndi mafupa atatu, kupatula chala chachikulu chimene chili ndi awiri. Pokumana mafupawa pali mfundo, ndipo mfundo imene imavulala kawirikawiri ndi yapakati. Mfundoyi imayenda ngati mahinjesi a chitseko: imapindikira mbali imodzi yokha, ya kuchikhatho. M'mbali mwake muli timinyewa tiwiri tolimba ngati zingwe, toletsa chala kugwedera kumanja kapena kumanzere. Kunsi kwake, kumbali ya chikhatho, kuli kalamba kokhuthala kolumikiza fupa loyamba ndi lachiwiri. Achipatala amakatcha volar plate. Ntchito yake ndi kuletsa chala kubwerera kumbuyo.

Gwirani chala chanu tsopano, muchikankhire kumbuyo pang'onopang'ono. Pamene chakanira kupitirira, chimene chakana ndi kalamba kameneka. Tsono mphamvu ikabwera mwadzidzidzi, kalambaka kamatamuka kapena kung'ambika. Nthawi zina kamazuka pamodzi ndi kachibenthu ka fupa lachiwiri, kakang'ono ngati njere ya mpunga. Mphamvu ikachuluka, mafupa amagulukana, lachiwiri nkukwera pamwamba pa loyamba.

Pa ntchito yathu ngoziyi imadza munthu akagwa chotsamira dzanja, akamawakha njerwa zoponyeredwa pomanga balani, belo kapena thumba likapulumuka zala zili pansi pake, ndiponso ng'ombe ikakoka chingwe modzidzimutsa. Anyamata a pagolo ndi atsikana a mpira wamanja amaidziwa bwino.

Zizindikiro zake nzosavuta. Mfundo yapakati imatupa msanga, imapweteka kwambiri kumbali ya chikhatho mukaidina, ndipo patapita tsiku pakhoza kuda chifukwa cha magazi ogwera m'kati.

Zochita tsiku loyamba

Choyamba vulani mphete, chala chisanatupe. Mphete yosiyidwa pa chala chotupa imatseka magazi, ndipo mapeto ake ndi kuidula. Kenaka viikani chala m'madzi ozizira a mumtsuko kwa mphindi 15 kapena 20, kangapo pa tsiku, masiku awiri oyamba. Amene angapeze ayezi amukulunge m'kansalu, asamuike pakhungu penipeni. Dzanja likhale m'mwamba, kuposa pamene pali mtima, ndipo pogona litsamire pa pilo. Panado amathandiza ululu.

Ndikudziwa kuti ambiri timathamangira kuthowa ndi madzi otentha. Masiku awiri oyamba kutentha kumangoonjezera kutupa. Kufikisa mwamphamvu nakonso kumaonjezera kung'ambika. Za kutema mphini pa mfundo yotupa ndiye musayerekeze, pakuti tizilombo tikalowa m'mfundo chala chikhoza kutayika.

Amene ayenera kupita ku chipatala tsiku lomwelo

Chala chikaoneka chokhota kapena chachifupi kuposa kale, chaguluka kapena chathyoka. Musalole mnzanu kuchikoka. Iye saona za m'kati, ndipo ngati fupa lathyoka kukokako kumasuntha zibenthu. Pitaninso msanga ngati chala chachita dzanzi, chayera kapena chazizira, ngati pali bala pa mfundo, ngati chikugwedera, kapena ngati simungathe kuchipinda ndi kuchiwongola nokha. Ngakhale chimene chinaguluka nkubwerera chokha chiyenera kujambulidwa. Kachibenthu kakang'ono kamapola popanda opaleshoni. Koma chibenthu chikatenga gawo limodzi mwa magawo atatu a nkhope ya mfundo kapena kuposerapo, mfundo siikhazikika, ndipo mwina pafunika opaleshoni. Zimenezi diso silingaone, koma X-ray.

Musaganize kuti za mafupa nza ku Queen Elizabeth ku Blantyre kapena ku Kamuzu Central ku Lilongwe kokha. Kuyambira 1985 dziko lathu lakhala likuphunzitsa madokotala othandizira oona za mafupa, ndipo amagwira ntchito m'zipatala za m'maboma. Yambirani kumeneko. Inu a pa esiteti, uzani kapitawo tsiku lomwelo kuti ngoziyo ilembedwe.

Kamangidwe koyenera

Tsono nayi nkhani yeniyeni. Ngati chala nchowongoka, sichikugwedera, ndipo mukutha kuchipinda ngakhale chikupweteka, mankhwala ake ndi kuchimangirira ku chala chinzake. Chala chabwinocho chimaletsa chovulala kubwerera kumbuyo, koma chimachilola kupindika.

Ikani kathonje kapena kansalu koyera pakati pa zala ziwirizo, kuti thukuta lisasupule khungu. Tengani tizidutswa tiwiri ta pulasitala. Kamodzi kazungulire zala ziwirizo kunsi kwa mfundo yapakati, kenako kumtunda kwake. Mfundo yeniyeniyo ikhale poyera, yosamangidwa. Cha mkombaphala chimangidwe ndi chapakati, chaching'ono chimangidwe ndi cha mphete. Mukatha, dinani chikhadabo: chiyere, ndipo mukasiya chibwerere mtundu wake pasanathe masekondi awiri. Chikachedwa, mwamangitsa, masulani. Sinthani pulasitala akanyowa kapena akada.

Kuyambira masiku oyamba omwewo, yambani kuchiyendetsa. Pindani zala pang'onopang'ono ngati mukufumbata, kenaka wongolani kufikira chala chili chilili, osapitirira. Chitani kakhumi, kangapo pa tsiku. Kumva kukoka pang'ono nkwabwino, koma ululu wobaya ukutanthauza kuti mwafulumira.

Chifukwa chake nchiyani? Mnyewa wong'ambika umapola ndi chipsera, ndipo chipsera chimakhwinyata. Mfundo yapakati ndi yothina kwambiri, kotero ikakhala duu milungu yoposa iwiri kapena itatu, chipsera chimamata zonse pamodzi. Zikatero kuwongolanso chalacho ndi ntchito ya miyezi, ndipo mwina sichibwerera mwakale. Nzimene zinawachitikira bambo aja. Koma amene sachimanga konse, namangochigwiritsa ntchito yolemetsa, nayenso ali pa ngozi ina: kalamba kaja kamapola kali kotamuka, mfundo yapakati nkumagwera kumbuyo, nsonga nkuweramira kutsogolo ngati khosi la tsekwe. Chala chotero chimakodwa pofuna kufumbata.

Pa kuvulala kwakukulu achipatala amaika kachitsulo kapena kapulasitiki kuseri kwa chala, kochiletsa kuwongokeratu koma kochilola kupindika, ndipo amakawongola pang'ono mlungu uliwonse. Akakuuzani tsiku lobwerera, musaliphonye chifukwa cha okushoni.

Chimangireni chotere milungu itatu kapena inayi. Ntchito zopepuka monga kusankha masamba mukhoza kuyamba ululu ukachepa, chala chili chimangire. Kunyamula mabelo, kudinda pa jeke ndi kugwira khasu tsiku lonse kudikire milungu 6. Musadabwe kuona mfundo ili yonenepabe patapita miyezi 6 kapena chaka. Kutupa kwa mfundo imeneyi kumachedwa kutha, ndipo sikutanthauza kuti simunapole.

Zina zofanana nazo, zosiyana mankhwala

Pali kuvulala kutatu kumene kumaoneka ngati komweku, koma malangizo aja sakugwira.

Nsonga ya chala ikagwa, osatha kudzuka yokha, mtsempha wowongola nsongayo waduka. Apa nsonga imamangidwa chowongoka usana ndi usiku kwa milungu 6 mpaka 8. Ikapindika kamodzi kokha pakati pa nthawiyi, kuwerenga kumayambiranso.

Ngati munagwira thumba kapena chingwe nkukutsomphokani mwamphamvu, ndipo nsonga siikutha kupindika, mtsempha wopinda chala wazuka pa fupa. Kawirikawiri chimakhala chala cha mphete. Uwu sumapola wokha. Umafuna opaleshoni pasanathe masiku ochepa, chifukwa mtsemphawo umathawira m'chikhatho.

Chachitatu ndi chala chachikulu chikakankhidwira kunja, mnyewa wa patsinde pake nkung'ambika. Mu 1955 dokotala wina, C. S. Campbell, analemba za vutoli pakati pa alonda a nyama ku Scotland, amene ankapha akalulu powathyola khosi pakati pa chala chachikulu ndi cha mkombaphala. Chizindikiro chake ndi kulephera kutsina. Wosoka fodya amene singano ikumpulumuka atagwa apite akamuone, pakuti mnyewa umenewu ukadukiratu nthawi zambiri umafuna kusokedwa.

Za kupewa sindichulutsa. Chingwe cha ng'ombe chigwireni m'chikhatho, osachikulunga m'zala. Njerwa mupatsirane pamanja. Belo munyamule awiri, ndipo mmodzi aziwerenga pokweza ndi potsitsa. Mitanda ya chigafa imene chiswe chalowa isinthidwe fodya asanayambe kupachikidwa.