Phunziro 6: Thandizo la Mnansi Wamphamvu: South Africa, Malawi ndi Njira ya ku Durban

Mawu oyamba

Mphunzitsi mnzathu, ngati sukulu yanu ili m'mbali mwa msewu wa ku Mwanza kapena wa ku Dedza, mwaonapo malole akuluakulu akulowa m'dziko muno atasenza katundu. Ena mwa malole amenewa amakhala atachokera ku doko la Durban ku South Africa, ulendo wa makilomita oposa 2,000. Koma tayang'anani pa mapu. Madoko a Beira ndi Nacala ku Mozambique ali pafupi kwambiri. Nanga bwanji katundu wathu anayamba kuyenda ulendo wautali chotero? Funso limeneli likutitengera ku nkhani ya thandizo ndi ubale wa pakati pa dziko lamphamvu ndi maiko osauka oyandikana nalo.

Malawi sanachite malire ndi South Africa, koma pa chuma ndi pa ndale dzikolo lakhala ngati mnansi wathu wamkulu kwa zaka zoposa 100. Patulani maola awiri kuti muwerenge phunziroli ndi kuchita ntchito zake.

Zolinga

Pomaliza phunziro lino muyenera:
1. kusiyanitsa mphatso, ngongole ndi ndalama zoikidwa mu bizinesi
2. kufotokoza zimene Malawi ndi South Africa ankafuna pa ubale wawo kuyambira mu 1967
3. kulongosola chifukwa chake katundu wa Malawi anayamba kudzera ku Durban
4. kuthandiza ophunzira anu kuunika thandizo lililonse pogwiritsa ntchito mafunso atatu

Kodi thandizo n'chiyani?

Pa wailesi timangomva kuti "dziko lakutilakuti latithandiza." Mawu amenewa amabisa zinthu zitatu zosiyana. Pali mphatso, imene sitibweza. Pali ngongole, imene timabweza ndi chiwongoladzanja, ngakhale chitakhala chochepa. Ndiye pali ndalama zimene kampani yakunja imaika mu bizinesi kuti ipeze phindu. Mwachitsanzo, mu 1997 kampani ya Illovo ya ku dera la Durban inagula minda ndi mafakitale a shuga a ku Nchalo ndi ku Dwangwa. Anthu akugwira ntchito kumeneko, inde, koma imeneyo ndi bizinesi osati mphatso.

Akuluakulu amati kupatsa n'kuika. Maiko nawonso amatero. Dziko likamathandiza linzake limayembekezera kena kake: msika wa katundu wake, anthu ogwira ntchito, kapena bwenzi loliyankhulira pa misonkhano. Zimenezi si zachilendo ayi. Chofunika n'chakuti wolandira adziwe mtengo wake. Choncho sungani mafunso atatu awa: Wapereka ndani, ndipo wapereka chiyani? Iye akufuna chiyani? Nanga wolandira alipira chiyani, lero ndi mawa?

Ntchito 1
Lembani zinthu zitatu za m'dera lanu zimene zinabwera ndi ndalama zakunja, monga mjigo, mlatho kapena mdadada wa sukulu. Pa chilichonse nenani ngati inali mphatso, ngongole kapena bizinesi. Ngati simukudziwa, kafunseni kwa amfumu kapena a komiti ya sukulu.

Ubale wa 1967

Pamene Malawi ankalandira ufulu mu 1964, South Africa inali pansi pa ulamuliro wa tsankho, ndipo maiko ambiri a mu Africa anali atagwirizana zoisala. Dr. Hastings Kamuzu Banda anatenga njira ina. Mu 1967 anakhazikitsa ubale wa ukazembe ndi boma la ku Pretoria, ndipo kwa zaka zambiri Malawi linali dziko lokhalo lolamulidwa ndi anthu akuda lokhala ndi ubale wotere.

Malawi ankafuna chiyani? Kamuzu ankafuna kusamutsa likulu kuchoka ku Zomba kupita ku Lilongwe, koma dziko la Britain linakana kupereka ndalama za ntchitoyo. Mu 1968 South Africa inapereka ngongole ya ma randi 8 miliyoni yoyambira ntchitoyi, ndipo Lilongwe anakhala likulu mu 1975. Ngongole ina yochokera komweko inamangira njanji ya kuchokera pa Nkaya kukafika ku Nayuchi, yolumikiza dziko lino ndi doko la Nacala. Njanjiyi inatsegulidwa mu 1970. Kuonjezera apo panali Wenela. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970, Amalawi oposa 100,000 ankagwira ntchito m'migodi ya ku Joni, ndipo gawo la malipiro awo linkatumizidwa kuno kumudzi.

Nanga South Africa inkafuna chiyani? Inkafuna kuonetsa dziko lapansi kuti ili ndi bwenzi lachikuda. Nduna yaikulu John Vorster anabwera kuno mu 1970, ndipo Kamuzu anakacheza kumeneko mu 1971. Migodi inapeza antchito, makampani anapeza msika ndi makontirakiti a zomangamanga.

Mtengo wake unali wotani? Ubale wathu ndi Tanzania ndi Zambia, amene ankathandiza omenyera ufulu, unazirala. Komanso mu Epulo 1974 ndege ya Wenela inagwa ku Francistown ku Botswana n'kupha Amalawi oposa 70 amene ankabwerera kwawo. Kamuzu anaimitsa ulendo wa ku migodi. Unayambiranso mu 1977 pansi pa Theba, koma unatheratu mu 1988 pa mkangano wa kuyeza HIV. Ntchito imene mabanja ambiri ankadalira inatha chifukwa cha zimene zinagamulidwa kutali ndi mudzi wawo.

Mmene tinafikira ku Durban

Apa ndiye pagona nkhani. Mu 1980 maiko 9, kuphatikizapo Malawi, anakumana ku Lusaka n'kukhazikitsa bungwe la SADCC. Cholinga chake chachikulu chinali kuchepetsa kudalira South Africa, makamaka pa mayendedwe. Koma m'zaka zomwezo boma la tsankho linayamba kuthandiza zigawenga za Renamo ku Mozambique, ndipo zigawengazo zinkaphwanya njanji ndi milatho. Pofika mu 1984 njira za ku Beira ndi ku Nacala zinali zitatsekeka.

Taganizani bwino pamenepa. Njanji imene tinamanga ndi ngongole ya South Africa inasiya kugwira ntchito chifukwa cha nkhondo imene South Africa yemweyo ankaikoleza. Fodya, tiyi ndi feteleza zinayamba kuyenda pa msewu mpaka ku Durban, kudzera ku Tete ndi ku Zimbabwe moperekezedwa ndi asilikali, kapena kuzungulira ku Zambia, ulendo wa makilomita oposa 3,000. Yerekezani ndi makilomita pafupifupi 800 a kuchokera ku Blantyre kukafika ku Nacala. Ndalama zoyendetsera katundu zinakwera kwambiri, ndipo amene analipira ndi mlimi wogula feteleza ndi mayi wogula sopo pa golosale. Pa nthawi yomweyo dziko lino linalandira anthu othawa nkhondo a ku Mozambique okwana pafupifupi 1 miliyoni.

Mwina mukuti, "Basi ndiye kuti Kamuzu analakwa." Musathamange. Ena amati dziko losauka lopanda doko linalibe mwayi wosankha, ndipo Lilongwe alipo mpaka lero. Ena amati tinagulitsa ulemu wathu pamene abale athu ankazunzika. Walira mvula walira matope. Ntchito yanu m'kalasi si kupereka chigamulo, koma kuika umboni wa mbali zonse pamaso pa ophunzira.

Ntchito 2
Jambulani mapu a kum'mwera kwa Africa. Onetsani Blantyre, Nacala, Beira ndi Durban, ndipo lembani njira yopita ku doko lililonse. Kenaka yankhani mafunso atatu aja pa nkhani ya njanji ya ku Nacala.

Tsankho litatha

Mu 1994 South Africa inasankha Nelson Mandela, ndipo chaka chomwecho inalowa mu SADC, bungwe limene linalowa m'malo mwa SADCC mu 1992. Mu Julaye 2002 atsogoleri a mu Africa anasonkhana ku Durban n'kukhazikitsa African Union, ndipo wapampando wake woyamba anali Thabo Mbeki. Kumeneko kunkamveka mawu a mgwirizano wa anthu ofanana. Njanji ya ku Nacala inakonzedwanso, ndipo katundu wambiri tsopano amadzera ku Beira, Nacala ndi Dar es Salaam.

Komabe kusiyana mphamvu sikunathe. Timagula zambiri ku South Africa kuposa zimene timagulitsako, ndipo achinyamata athu akupitabe ku Joni kukafuna ganyu. Mu Epulo 2015 alendo anaukiridwa ku Durban. Amalawi ambiri anathawira m'misasa ya ku Isipingo ndi ku Chatsworth, ndipo boma lathu linatumiza mabasi kukawatenga. Mu Malichi 2019 asilikali a South Africa anabwera kudzathandiza anthu ovutika ndi madzi osefukira a namondwe wa Idai. Mwezi womwewo usanathe, Amalawi ena anathamangitsidwanso m'nyumba zawo ku Durban. Mukuona? Thandizo ndi mavuto zingathe kuchokera kumodzi, mwezi umodzi.

Mmene mungaphunzitsire

Samalani: m'kalasi mwanu muli ana amene bambo kapena mlongo wawo ali ku Joni, ndipo fizi yawo imachokera komweko. Musalole kuti phunziroli lisanduke bwalo lonyozera mtundu wina. Siyanitsani boma la tsankho ndi anthu wamba a ku South Africa, amenenso anazunzika nalo. Yambani ndi chinthu chodziwika, monga paketi ya katundu wa m'sitolo, ndipo ophunzira awerenge kumene anapangidwa. Kenaka agaweni m'magulu awiri, lina likhale nduna za Malawi za mu 1968, lina akazembe a South Africa, akambirane za ngongole ya Lilongwe. Ngati m'mudzi muli agogo amene anapita pa Wenela, apempheni abwere adzafotokoze okha.

Mafunso odziyesa

1. Kodi ngongole imasiyana bwanji ndi mphatso?
2. Tchulani zinthu ziwiri zimene dziko lililonse linapeza pa ubale wa 1967.
3. N'chifukwa chiyani katundu wa Malawi anayamba kudzera ku Durban m'zaka za m'ma 1980?
4. Sankhani thandizo limodzi limene mwamva pa wailesi mwezi uno, ndipo liyeseni ndi mafunso atatu aja. Kambiranani mayankho anu ndi aphunzitsi anzanu pa tsiku lokumana ku TDC.