Ukwati wa mwana wamasiye: adzamuperekeza kuguwa ndani?

Mvula ikatha, anthu akakolola, ku ofesi ya parishi kumachuluka achinyamata odzalembetsa ukwati. Ambiri mwa iwo bambo awo adatisiya, ena kalekale anawo adakali aang'ono, ena posachedwa zokonzekera zili m'kati. Funso limene amabwera nalo, makamaka atsikana, ndi limodzi: "Nanga ine adzandipereka ndani?" Funsoli lakanganitsa abale. Alipo amalume ndi abambo aang'ono amene adasiya kulonjerana chifukwa cholimbirana kugwira dzanja la mkwati, ndipo alipo maukwati amene adaimikidwa mpaka lero. Sabata ino m'miphakati yathu tione zimene Mpingo umaphunzitsa ndi zimene mwambo wa makolo udakonza kale.

Tiyambe ndi chimene chimamanga ukwati. Malamulo a Mpingo, pa nambala 1057, amaphunzitsa kuti ukwati umamangika ndi kuvomerezana kwa mwamuna ndi mkazi eni ake, ndipo palibe mphamvu ya munthu wina imene ingalowe m'malo mwa chivomerezocho. Pa nambala 1108 amaonjeza kuti kuvomerezanaku kuchitike pamaso pa wansembe kapena dikoni wololedwa ndi mboni ziwiri. Mukamvetsera bwino pa Misa ya ukwati, mudzaona kuti wansembe amafunsa mafunso atatu: ngati akwatiwo abwera mwa ufulu popanda wowakakamiza, ngati adzakondana ndi kulemekezana moyo wawo wonse, ndiponso ngati adzalandira ana kuchokera kwa Mulungu ndi kuwalera m'chikhristu. Onse atatu amalunjika kwa akwati. Palibe limene limapita kwa bambo, kwa mayi kapena kwa malume.

Funso lija lakuti ndani akupereka mkaziyu kwa mwamunayu ndi la mwambo wa ku England. Limapezeka m'buku la mapemphero la mpingo wa Anglican kuyambira chaka cha 1549, ndipo ambirife tidalizolowera poonera mafilimu ndi popita ku maukwati a anzathu a mipingo ina. M'mwambo wa Chikatolika wa lero mulibe. Buku la mwambo wa ukwati limene lidatuluka mu 1969 limalongosola mdipiti wolowera chonchi: otumikira patsogolo, kenaka wansembe, pambuyo pake mkwati ndi mkwatibwi, ndipo potsata chizolowezi cha dera angathe kuperekezedwa ndi makolo awo ndi mboni ziwiri zija. Choncho mtsikana amene bambo ake adamwalira sakusowa kanthu kalikonse kofunika pa sakramentili. Bambo akakhala moyo n'kuyenda ndi mwana wawo mpaka kuguwa, ndi chinthu chokongola ndipo sitikuchiletsa. Koma ndi kuperekeza chabe. Mwana si katundu wochoka m'manja mwa mwamuna uyu kupita m'manja mwa mwamuna uyo.

Mwambo wathu nawo sudasiye mwana wamasiye pa mtetete. Kwa Achewa, Ayao ndi Alomwe, kumene mwana amatsata kuchikazi, mwini mbumba ndi malume, ndipo nkhani ya banja imayenda kudzera mwa ankhoswe. Ngakhale bambo ali moyo, pa chinkhoswe amene amalandira tambala ndi kupereka msoti si iwo. Kwa Atumbuka, Angoni a ku Mzimba, Asena ndi Angonde, kumene kuli malowolo, bambo akamwalira udindo umagwera abale awo aamuna, amene mwanayo amawatchula kale kuti bambo aakulu kapena bambo aang'ono. Msonkhano waukulu wachiwiri wa ku Vatican, m'chikalata chake cha za chipembedzo cha 1963, pa ndime 77, udanena kuti miyambo yabwino ya ukwati ya mitundu ya anthu isungidwe. Unkhoswe ndi umodzi mwa miyambo yotere, chifukwa phwando likatha ankhoswe amatsalabe, ndipo banja likayamba kugwedezeka ndi iwo amene amagogoda pakhomo.

Mkangano umabuka tikasakaniza ntchito ziwirizi. Unkhoswe ndi udindo wa banja ndipo uli ndi eni ake mwa mwambo. Kuperekeza mkwati m'tchalitchi ndi ulemu wa mphindi zochepa, ndipo ndi bwino kuti mwini wake anenepo amene mtima wake ukufuna. Werengani Genesis mutu 24. Bambo a Rebeka, a Betuele, amalankhula kamodzi kokha m'nkhani yonseyo. Mphatso zidapita kwa mlongo wake Labani ndi kwa amake, ndipo ndi iwowa amene adapempha kuti mtsikanayo abakhala masiku ena. Pamene sadamvane ndi mtumiki wa Abrahamu, adaitana Rebeka n'kumufunsa yekha, iye n'kuvomera kupita (ndime 58). Ngati anthu akale chotero adadziwa kufunsa mwini ukwati, ife tingalephere bwanji?

Ndiye angaperekeze ndani? Amayi ake angathe, ndipo m'maganizo mwanga nthawi zambiri ndi iwo oyenera. Mayi amene wagulitsa mandasi ndi tomato zaka khumi kuti mwana aphunzire asakhale kumbuyo ngati mlendo, pamene wachibale amene sadaperekepo ndi sopo yemwe akujambulitsa kutsogolo. Mlongo wa mkwati angathe, malume angathe, agogo angathenso. Bambo omupeza amene adamulera mwachikondi asakankhidwire kunja chifukwa choti si magazi awo: Estere adaleredwa ndi Mordekai makolo ake atamwalira, ndipo Malembo amati adamutenga ngati mwana wakewake (Estere 2:7). Akwati awiriwo angathenso kulowa limodzi, monga buku la mwambo likunenera.

Pali mabanja ena kumene bala ndi lakuya koposa. Maliro atangotha, achibale a mwamuna adatenga nyumba, munda kapena njinga, mayi ndi ana n'kutsala manja lende. Kulanda chuma cha masiye ndi mlandu m'Malawi muno potsata lamulo la chuma cha masiye la 2011, komanso ndi tchimo. Tsopano mwana wakula, akukwatiwa, ndipo olanda aja akufuna mpando wapamwamba. Mkhristu ayenera kukhululuka, inde. Koma kukhululuka sikutanthauza kubisa nkhani pansi pa mphasa kuti zithunzi zioneke bwino. Ankhoswe ndi atsogoleri a mphakati akhazike pansi mbali zonse miyezi ingapo tsiku lisanafike, wolakwa apepese ndi kubweza zimene angathe. Mkwati asakakamizidwe kugwirana dzanja ndi munthu amene akumuopa. Aitanidwe ku ukwati monga mbale, koma za kuperekeza zisiyidwe kwa mwini wake.

Nanga maliro akagwa tsiku litakhazikitsidwa kale? Mpingo sudaike nthawi yoti anthu adikire pambuyo pa maliro. Masiku amene ukwati sungadalitsidwe konse ndi Lachisanu Loyera ndi Loweruka Loyera, ndipo m'nyengo ya Lenti timapemphedwa kuchepetsa chisangalalo. Kusuntha tsiku ndi masabata kapena miyezi ingapo kuti amayi ayambe apuma ndi nzeru ndithu, ndipo wansembe adzamvetsa. Choopsa ndi kuimika ukwati popanda tsiku lina. Ndalama za ukwati zathera pa bokosi ndi chakudya cha pamaliro, achibale akuti tidikire tiyambe tamanga chiliza, chaka chatha, china chatha. Achinyamata aja atopa, angolowana, ndipo basi asiya kulandira Ukaristia. Amene adafunitsitsa kuona mwana wawo akudalitsa ukwati sitiwalemekeza pomutsekereza mwanayo kutali ndi masakramenti. Ukwati wa Misa ya m'mawa, wa anthu ochepa ndi mpunga wa pakhomo, ndi sakramenti lathunthu chimodzimodzi ndi wa mu holo yodula.

Pa ukwati wa ku Kana (Yohane 2:1-11) timamva za Amayi Maria, za Yesu ndi ophunzira ake, koma Yosefe Woyera satchulidwa, ndipo akhristu kuyambira kale amakhulupirira kuti anali atamwalira. Ngati zili choncho, amene adaona msanga kuti vinyo watha anali mayi wamasiye, wodziwa kusowa. Ili ndi phunziro kwa mphakati uliwonse. Mwana wamasiye akalengezedwa m'tchalitchi, tisadikire perekaniperekani. Tifunse msanga ngati pali ufa, nkhuni, mipando ndi galimoto, ndipo amayi a m'mabungwe athu akacheze ndi mayi wa mkwati, chifukwa kwa iwo sabata imeneyo chimwemwe ndi chisoni zimabwera pamodzi. Zonsezi zikukhudzanso mnyamata amene akukwatira bambo ake kulibe. Iye kawirikawiri sanena, koma amasowa mwamuna wamkulu womulangiza za banja, ndipo abambo a mumphakati angatseke mpata umenewu.

Malemuwo tiwakumbukire bwanji? Ena amaopa kuti mzimu wa bambo ukwiya ukapanda kuuzidwa, mwina akwati sadzaona mwana. Mkhristu sachita mantha ndi akufa ake ndipo sawathirira nsembe. Amawapempherera, monga adachitira Yudasi Makabeo (2 Makabeo 12:43-45), pokhulupirira kuti mwa Khristu tikadali amodzi. Njira yoyenera ndi kupempha Misa ya malemuwo masiku ochepa ukwati usanachitike, banja lonse lilipo. Amene akufuna kukapemphera pamanda angatero, koma kumudzi ayambe apempha kwa amfumu monga mwa mwambo. Pa Misa ya ukwati peniyeni dzina lawo litchulidwe m'mapemphero a akhristu, mwachidule. Chithunzi chawo, mpando wosiyidwa wopanda munthu ndi mawu owakumbukira zikhale za ku madyerero, ndipo amayi ayambe afunsidwa ngati angazipirire. Wolengeza mwambo auzidwiretu kuti asaitane "bambo a mkwati" pa chimkuzamawu, ndipo adziwe amene adzalankhule m'malo mwa banja.

Amene mukukonzekera ukwati chaka chino, nkhani imeneyi muitchule tsiku lomwe mukudzalembetsa, musadikire sabata yomaliza yoyeserera mdipiti. Bwerani ndi ankhoswe a mbali zonse ziwiri pamodzi ndi amayi, ndipo pamaso pa bambo mfumu kapena akatekisiti mugwirizane amene adzaperekeze, amene adzakhale mboni ndi tsiku la Misa ya malemuwo.