Mgolo wonyikira udzu wa hatchi ya mphumu

Hatchi yathanzi ikaima phee imapuma ka 8 mpaka ka 16 pa mphindi. Ya mphumu imapuma mobanika, imakhosomola ikangoyamba ntchito, ndipo imakankha mpweya ndi mimba mpaka mzere umaoneka m'munsi mwa nthiti. Thupi silitentha. Nthendayi imakonda hatchi zopitirira zaka 7, ndipo abulu nawonso imawagwira. Madokotala a ziweto ankaitchula heaves, koma kuyambira 2016 amati equine asthma.

Gwero lake ndi fumbi ndi chuku za mu udzu wouma. N'chifukwa chake jekeseni wopha mabakiteriya, amene ambiri amathamangira, sathandiza. Dokotala angapereke dexamethasone kapena clenbuterol kuti hatchi ipumeko, koma fumbi likakhalapobe chifuwa chimabwerera.

Chida chochepetsera fumbilo n'chosavuta: mgolo wapulasitiki wa malita 200, wodula pamwamba, wokhala ndi potulutsira madzi pansi. Udzu umamizidwa wonse kwa mphindi 10 mpaka 30, madzi amatsanulidwa, hatchi n'kudya ukadali wonyowa.

Apa ndi pamene osamalira ambiri amalakwitsa. Wina amangowaza madzi pamwamba ngati akuthirira dimba, m'kati mwa mtolo muli gwaa. Wina amanyika bwino, kenako n'kuyanika udzuwo padzuwa poopa kuti hatchi iukana. Udzu ukauma, fumbi lija limaulukanso, ntchito yonse yapita pachabe! Palinso amene amanyika madzulo n'kudzavuula m'mawa. Usiku wonsewo chakudya cha mu udzu chimasungunukira m'madzi, mabakiteriya amaswana, makamaka nyengo yotentha, ndipo fungo lake limadziwika munthu ali patali. Madzi amenewo si omwetsa chiweto, si onyikiramonso mtolo wina. Ndiye pali chizolowezi chosesa khola hatchi ili momwemo, chimene chimabweza fumbi lonse limene mgolo unachotsa.

Mtengo wa mgolo umatengera kumene wagulidwa, koma wakale umakwana, bola usakhale umene munali mankhwala kapena mafuta. Makina ophika udzu ndi nthunzi pafupifupi ola limodzi, monga a Haygain a ku Britain, amapha chuku chenichenicho, kungoti amafuna magetsi komanso ndalama zochuluka ndithu.

Mphumu siichiritsika, komatu hatchi yodya udzu wonyika, yotandala panja nthawi yaitali, imatha kusiya kukhosomola pakapita milungu ingapo n'kubwerera pantchito.