Amalonda Ogula Nthawi

Kuwerenga: Luka 12:16-21

Cholinga: Ana adziwe kuti nthawi siisungika m'nkhokwe, ndiponso kuti nthawi imene tapatsa munthu mnzathu siinatayike.

Mau kwa Mphunzitsi

Aphunzitsi anzanga, phunziro la lero lili ndi nthano. Muwauze ana poyamba pomwe kuti ndi nkhani yopeka. Anailemba ndi Michael Ende wa ku Germany, amene anabadwa mu 1929 namwalira mu 1995, ndipo ili m'buku lake lotchedwa Momo limene linatuluka mu 1973. Muiwerenge kawiri kunyumba kuti mukaisimbe osayang'ana pa pepala.

Nthano Yake

Kunja kwa mzinda wina waukulu kunali bwinja la bwalo la masewero. M'menemo munkakhala kamtsikana kopanda makolo, dzina lake Momo. Chuma kanalibe, koma kankadziwa kumvetsera. Anthu okangana akabwera kwa iko ankabwerera atayanjana, ndipo ana ankakonda kusewera pamenepo.

Tsono mumzindamo munalowa amalonda achilendo. Zovala zao, zikwama zao ngakhale nkhope zao zinali zotuwa ngati phulusa, ndipo ndudu siinkachoka pakamwa pao. Iwo ankati ali ndi banki yosungira nthawi.

Mmodzi wa iwo anafika kwa Fusi, wometa tsitsi, nayamba kulemba masamu pa kalilole. Anawerenga ola limene Fusi ankacheza ndi mai ake okalamba, mphindi zimene ankasamalira mbalame yake, ndi theka la ola limene ankakazonda Daria, mkazi wolumala miyendo, atamtengera duwa. Zonsezi anaziwonkhetsa nazitcha nthawi yotayika. Analonjeza kuti Fusi akaisunga ku banki adzailandira ndi chiwongola dzanja.

Fusi anavomera. Mai ake anawapereka ku nyumba yosungira nkhalamba, mbalame anaigulitsa, ndipo Daria anangomulembera kalata yoti alibenso mpata. Anthu ankawameta mofulumira, osalankhula nawo. Koma chodabwitsa nchakuti nthawi imene ankapulumutsayo sankaiona. Masiku ake ankafupikirafupikira, ndipo iye anasanduka munthu waukali. Posakhalitsa mzinda wonse unatero, ndipo ana anasowa wocheza nawo.

Chinsinsi chake chinali ichi: ola lililonse la munthu linali duwa lomera mumtima mwake. Amalonda aja ankaba maluwawo, kuwaunjika mosungira mwao, kuwaumitsa ndi kupichira ndudu zao. Moyo wao unali m'maola a eni ake. Potsiriza Momo, mothandizidwa ndi Hora, woyang'anira nthawi, ndi kamba wotchedwa Cassiopeia, anatsekula mosungiramo. Maluwa anabwerera kwa eni ake, ndipo amalondawo anazimirira ngati utsi.

Kufotokoza

1. Lembani pa bolodi: 60 x 60 x 24. Ana a Sitandade 5 kapena 6 apeze okha yankho, ndilo masekondi 86,400. Awa ndi a tsiku limodzi. Mfumu ilandira omwewa, mwana woweta mbuzi alandiranso omwewa. Palibe angathe kusungako ena kuti adzawagwiritse ntchito mawa.

2. Onetsani pamene panali bodza. Masamu a wamalonda uja anali okhoza ndithu. Chinyengo chinali m'dzina limene anapatsa maolawo. Anatcha kucheza ndi mai kutaya nthawi, chonsecho ndiyo inali mbali yokoma ya moyo wa Fusi.

3. Tsono werengani Luka 12. Munthu wachuma uja anaganiza zokulitsa nkhokwe zake, nayesa kuti wasunganso zaka zambiri pamodzi ndi dzinthu. Dzinthu zikanalowadi m'nkhokwe, koma zakazo sizinali zake, pakuti moyo wake unafunidwa usiku womwewo. Iye ndi Fusi analakwa mofanana: onse anayesa nthawi katundu wosungika.

Chenjezo

Mwana wochenjera adzafunsa kuti, "Nanga bambo anga akapita ku ganyu kapena ku ntchito, sagulitsa nthawi kodi?" Musamudzudzule, funsolo ndi labwino. Muyankhe kuti kugwira ntchito ndi kulandira malipiro nkoyenera, pakuti banja lidya momwemo. Choipa ndicho kulola kuti kufuna phindu kulande ngakhale maola a odwala, a nkhalamba ndi a ana. Phunziroli silivomereza ulesi kapena kuchedwa ku sukulu. M'nthano momwemo muli Beppo, wosesa mseu, amene ankatsiriza mseu wautali posesa pang'onopang'ono ndi mtima wonse.

Tidziyesenso tokha. Kalasi ikatha pamakhala mwana mmodzi wotsalira pakhomo, wofuna kunena kanthu koma akuchita manyazi. Ife tiyang'ana wotchi, tikumbukira za kumunda kapena za kumsika, ndipo timuuza kuti, "Udzandiuze sabata yamawa." Kawirikawiri mwana wotere sabweranso ndi nkhaniyo. Mphindi zisanu zimene tapulumutsa pamenepo tidzazipeza kuti?

Zochita

Tengani wotchi. Ana akhale chete mphindi imodzi yathunthu. Ikatha muwapemphe kuti akubwezereni mphindiyo. Alekeni aseke, kenaka muwafunse chifukwa chake alephera.

Mafunso

1. Kodi amalonda aja analonjeza chiyani kwa Fusi?
2. Tchulani zinthu zitatu zimene Fusi analeka kuchita.
3. Nchifukwa ninji masiku ake anafupika?
4. Kodi munthu wachuma wa pa Luka 12 afanana bwanji ndi Fusi?
5. Ndani kwanu amene asowa wocheza naye?

Ntchito ya Sabata Ino

Mwana aliyense asankhe munthu mmodzi, kaya agogo, kaya wodwala, kaya mnzake wosungulumwa, ndipo akakhale naye theka la ola, kumthandiza ndi kumvetsera. Sabata yamawa muwafunse zimene anamva. Inunso, mphunzitsi, musankhe wanu, ndipo mudzayambe ndinu kufotokoza.