Shuga Akakwera, Shuga Akatsika: Mafunso ndi Mayankho kwa Anthu a ku Luangwa

Mu Okutobala kuno ku Luangwa (Feira) aliyense amamva ludzu. Ndingadziwe bwanji kuti langa ndi la shuga?

Yang'anani mkodzo. Munthu amene dzuwa lamuwamba amatuluka thukuta, koma mkodzo wake umachepa ndipo umafiirira. Amene shuga wamukwera amamwa madzi koma ludzu osatha, usiku amadzuka kanayi kasanu kukataya madzi, m'mawa n'kupeza nyerere zaunjikana pamene anakodzapo. Amaonda chonsecho nsima akudya bwino, m'maso mumachita mdima, ndipo kabala kochekedwa ndi bango poluka mphasa kamatha masabata kasanapole. Zimabwera mwakachetechete, n'chifukwa chake ambiri amangonamizira kutentha.

Nanga shuga akatsika?

Apa zimachitika mwadzidzidzi: kunjenjemera, thukuta lozizira, njala yoopsa, mtima kugunda kwambiri, kenako kudzandira ndi kulankhula zosamveka. Chimene chimandiwawa n'chakuti anthu amamuseka kuti wakhuta kachasu wa masau, pomwe mnzawoyo akufa. Zimagwera makamaka amene amabaya insulin kapena kumwa glibenclamide. Taganizani za msodzi amene wamwa mankhwala ake m'bandakucha, n'kupalasa bwato pa Zambezi mpaka masana m'mimba muli pululu. Mowa womwa osadya, malungo aakulu ndi kwinini nazonso zimatsitsa shuga.

Tichite chiyani pamenepo?

Ngati akutha kumeza, sungunulani masupuni aang'ono anayi a shuga m'kapu ya madzi, amwe. Pakatha mphindi 15 asanatsitsimuke, bwerezani. Akapezako bwino adye nsima kapena phala. Wakomoka? Musamuthire kanthu m'kamwa, angatsamwe. Mugonekeni chammbali, mum'pake shuga wonyowa pang'ono m'kati mwa tsaya, ndipo thamangirani naye kuchipatala.

Tilibe makina oyezera, sitikudziwa ngati wakwera kapena watsika.

Mupatseni shuga, bola akumeza. Shuga wotsika amaononga ubongo m'kanthawi kochepa, pomwe masupuni anayi sangamuphe amene shuga wamukwera.

Manambala a pa makina amatanthauza chiyani?

Pansi pa 3.9 shuga watsika. Akafika 7.0 musanadye kanthu m'mawa, kapena 11.1 nthawi ina iliyonse, kaonaneni ndi adokotala. Koma wodwala akayamba kusanza, kupuma mozama, kuwodzerawodzera, mpweya n'kumanunkhira ngati zipatso zakupsa, musadikire kuti kuche. Pezani galimoto kapena njinga yamoto usiku womwewo, mupite naye ku Katondwe Mission Hospital kapena chipatala chimene muli nacho pafupi.